Sofa ya Mkono Umodzi

MUTU WACHISANU

1. Mawu a pakamwa

Amuna anga atamwalira, aliyense ankandiuza kuti ndidikire. Ndidikire chiyani? Wakufa sabwerera kudzatenga hamala yake. Ndinadikira mpaka anthu opepesa ataleka kubwera, kenako ndinatuma uthenga kwa a Pensulo kuti Loweruka ndikubwera kushedi, tidzagawane katundu.

Inu ana a sukulu, mumve kaye mmene zinalili, chifukwa sindibwereza.

Amuna anga ndi a Pensulo ankapanga masofa limodzi. A Pensulo ndi kalipentala. Dzinalo anawapatsa ndi anthu, poti pensulo sichoka kukhutu kwawo, ndipo ndikhulupirira kuti amagona nayo. Iwo ankakhoma mafupa a mpando, ndikunena matabwa. Amuna anga ankaveka mnofu ndi khungu: siponji, nsalu ndi mabatani. Anayamba ntchitoyi ali anyamata, ine ndisanawadziwe n'komwe. Pepala la mgwirizano panalibe. Ankangoti, "Zonse n'zapakati." Mawu okoma ndithu. Koma mawu a pakamwa, mwini wake akalowa m'manda amalowa nawo.

Ine ndimagulitsa tomato ndi anyezi pamsika. Sukulu ndinangoinunkhiza, koma pa malonda palibe amene anandidyerapo masuku pamutu. Pamsika tikapikula dengu limodzi anthu awiri, timagawana mosavuta: chimodzi iwe, chimodzi ine, mpaka pansi pa dengu paoneke. Palibe amapita kwawo akulira. Ndinati kushedi tikachitanso chomwecho.

Mtima wanga unali pa makina osokera. Telala wina wa kuseri kwa msika anawafuna, ndipo tinakokanakokana pa mtengo mpaka thukuta linamutuluka pamphuno. Anati abwera ndi wilibala Lowerukalo masana. Akapanda kuwatenga tsiku limenelo, akagula ena amene anawaona kwina. Makina amenewo ndiwo anali sukulu ya mwana wanga. Kunatsala chaka chimodzi kuti alembe mayeso omaliza a kusekondale, ndipo tomato yekha sakanamufikitsa kumeneko.

Mwanayo ndi Kabatani, mmodzi yekhayo amene ndili naye. Dzinali anamupatsa ndi bambo ake, chifukwa ali wamng'ono ankakwawa pansi pa tebulo la kushedi kutola mabatani ogwa. Chimwalirire bambo ake, mtsikanayu sanapondenso msewu wa kushedi. Popita kusukulu ankachita kuzungulira.

"Vala nsapato, tikupita," ndinamuuza m'mawa wa Lowerukalo. "Tenganso matumba awiri."

"Amayi, ine nditsale."

"Mutu ukupweteka?"

"Ayi."

"Mwendo?"

"Ayi."

"Ndiye vala nsapato."

2. Chimodzi inu, chimodzi ine

Shediyo ndi chipinda chimodzi chachitali cha malata, chitseko chake n'chachikulu moti sofa imatuluka chopingasa. Mbali ya kumanzere ndi ya a Pensulo: matabwa, utuchi, fungo la guluu. Mbali ya kumanja inali ya amuna anga. Kumeneko zonse zinali monga anazisiya. Jekete lawo la ntchito linali pamsomali, mapewa ali chiimire ngati muli munthu. Kampando kawo kanali ndi dzenje pakati, pamene ankakhala. Koma fumbi kunalibe. Munthu wina ankasesako tsiku ndi tsiku.

Kabatani anaima pakhomo. Ndinamukankha pamsana.

"Alamu, mwafika," anatero a Pensulo akupukuta manja m'thalauza. Anali ataonda, khosi lili lende ngati la nkhuku yonyowa.

"Tafika. Tiyeni tiyambe, dzuwa silidikira munthu."

"Osakhala kaye pansi? Muno mipando ndiye sitisowa."

"Ndikakhala pansi mundinyengerera."

Anaseka pang'ono, kenako anayang'ana mwana. "Kabatani, wakula bwanji miyezi yochepa yomweyi? Moni wandimana?"

"Muli bwanji, ankolo?" anayankha iye, maso ali pansi.

Ndinafotokoza lamulo la pamsika. Ndinati woyamba kusankha ndine, popeza wamasiye ndine.

"Makina," ndinatero, ndikuloza pakona pamene anali ovundikiridwa ndi chinsalu chakale. Sindinawavundukule n'komwe.

"Tengani. Ine makina amandiopa, nanenso ndimawaopa. Ine sowo."

"Hamala yaikuluyo."

"Alamu, imeneyo ndi ya matabwa. Ya mnzanga ndi kakang'onoko."

"Zonse n'zapakati. Munkanena nokha."

Anakanda m'mutu ndi pensulo ija, n'kundipatsa hamala.

Tinapitiriza choncho. Iwo chopalira matabwa, ine sizasi. Iwo tebulo, ine shelefu. Tinafika pa timabenchi tiwiri tija amagonekapo thabwa pocheka. Iwo anatenga kamodzi, ine ndinakoka kenako.

"Alamu, kabenchi kamodzi sikagwira ntchito. Thabwa limagona pa tiwiri."

"Ndiye gulani kangaka."

"Nanga inu mukatani nako?"

"Ndikayalapo anyezi."

Wailesi anatenga iwo. Ndinaitembenuza n'kuchotsa mabatire. Timisomali ta m'chitini ndinagawa ndi kapu monga timagawira nyemba, kapu uku, kapu uko. A Pensulo ankangondiyang'ana, kukamwa kuli yasa.

"Musandiyang'ane choncho," ndinawauza. "Mbewa ya manyazi inafera kuuna. Inu muli ndi manja anu. Ine ndili ndi mwana wa sukulu."

"Sindinanene kanthu, alamu."

"Maso anuwo akunena."

Kabatani ankalongedza m'matumba. Chilichonse ankangoponya, kupatula sizasi ya bambo ake. Imeneyo anavula juzi lake n'kuikulunga bwinobwino ngati khanda.

3. Zala za bambo ake

Chinatsala chinthu chimodzi, chachikulu, pakati pa chipinda, chofunditsidwa ndi mapepala. A Pensulo anachotsa mapepalawo pang'onopang'ono.

Inali sofa ya anthu atatu, ya nsalu yobiriwira modera. Sinali ya kasitomala. Ankaipanga kuti adzaiike pakhomo, wodutsa aione agule. Kumsana kunali kutatha. Mkono wa kumanja unali utavala bwino, wosalala ngati tsaya la mwana. Mkono wa kumanzere unali maliseche, siponji ili mbee, yomangidwa ndi chingwe. Makhushoni okhalira panalibe.

"Iyi ndiye yomaliza," anatero a Pensulo. "Lachisanu lake mnzanga anati adzamaliza Lolemba."

Ndinaizungulira kamodzi. Sofa ya mkono umodzi angagule ndani?

"Muli ndi chondipatsa kuti ikhale yanu yonse?"

"Alamu, chimwalirire mnzanga muno simunatuluke mpando ndi umodzi womwe. Mafupa okhaokha agula ndani?"

"Ndiye nkhani yake njosavuta. Matabwa ndi anu, nsalu ndi siponji n'zathu. Kabatani, tenga chozulira misomali."

"Mukazula, nsaluyo ikhala mabowo okhaokha."

"Mabowowo ndi athu. Ndidzasoketsa timapilo, amayi a pamsika adzagula."

Kabatani anatenga chozulira, nagwada pafupi ndi mkono wovalawo. Anasuzumira kunsi, kumene nsalu imapindidwa n'kukhomedwa.

Amuna anga anali ndi kakhomedwe kawo. Timisomali ankaika m'kamwa, n'kumatulutsa kamodzikamodzi ndi lilime. Ndinkawakalipira kuti tsiku lina adzameza, iwo n'kumaseka ndi m'mphuno poti kukamwa kunali kodzaza. Pakati pa msomali ndi unzake ankayeza ndi chala chachikulu. Mzere wawo unkaongoka ngati wa asilikali.

Ndinaona mwana akuika chala chake pakati pa misomali. Chala chakecho chinali chaching'ono, mpata unkatsala. Anayenda nacho mzere wonse, mpata ndi mpata. Atatsala pang'ono kufika kumapeto anaima. Pamenepo mzere unali utakhota, misomali ina ili patalipatali, wina wopindika mutu.

"Apa anali atatopa," anatero chapansipansi.

"Zula, telala ali m'njira."

Anaika chozulira pansi. Sanachiponye, anachita kuchigoneka.

"Sindizula, amayi."

"Wati chiyani?"

Anaimirira, napita pakona, navundukula makina aja. Pansi pa singano panali nsalu yobiriwira, msoko uli pakati, ulusi uli chilowere. Pambali panali nsalu zina zodulidwa kale, zosanjikidwa bwino.

"Mkono winawu ndi uwu. Makhushoni ndi awa, anadula onse. Kwatsala kusoka ndi kuveka. Ndimaliza ine."

"Iwe? Kusoka unaphunzira kuti?"

"Masiku aja munkandituma ndi chakudya chawo, n'kumandikalipira kuti ndimachedwa m'njira. Sindinkachedwa m'njira."

Ndinayang'ana a Pensulo. Iwo anayamba kuyang'ana malata, ngati akudontha.

4. Tamvera iwe

Apa ndiye ndinakhala pansi, pa thumba la siponji, chifukwa mawu amene ndinali nawo sanali a choimirira.

"Tamvera iwe, ndipo utsegule makutu onse awiri. Ukuona ngati ndi kamkono kamodzi. Bambo ako analowa m'shedi muno kudzathandiza mnzawo tsiku limodzi. Tsiku limodzi! Anatuluka ali ndi imvi ndi chifuwa. Madokotala ananena zawo, koma ine ndikuti ndi fumbi la muno, chifukwa amene ankawachapira malaya ndine. Madzi ake ankada ngati a m'ngalande. Ntchito ya manja imakoma poyamba. Lero umaliza sofa, anthu akuyamikira. Mawa wina abwera ndi mpando wong'ambika, akuti mwana wa malemu ali ndi manja a bambo ake. Mkuja ujomba kusukulu kuti umalize. Chaka chikamatha anzako akulemba mayeso, iwe uli ndi misomali m'kamwa.

"Usandiuze kuti uchita zonse ziwiri. Ichi chakoma, ichi chakoma, pusi anagwa chagada. Ine ndikudziwa kusaphunzira kuti n'chiyani. Kuchipatala anandipatsa pepala la mankhwala a bambo ako, lolembedwa m'chilankhulo chawo chija. Ndinazungulira nalo khonde lonse kupempha ana a eni kuti andiwerengere, mwamuna wanga akutsokomola pabedi. Mwana wanga amene akanandiwerengera anali m'kalasi, ndipo sindinakuitane, chifukwa ndinati asajombe ngakhale tsiku limodzi. Ndiye lero ukufuna kutaya zimenezo chifukwa cha mpando? Bambo ako sali mumpandomo. Ndikanadziwa kuti alimo, ndikanausenza ndekha pamutu mpaka kunyumba."

Mawu omalizawo sindikudziwa anachokera kuti. Ndinatsokomola n'kukonza mpango.

A Pensulo anachotsa pensulo kukhutu, n'kuiyang'ana ngati aiona koyamba.

"Mwana wanga, amayi akowa amalankhula ngati akuwaza nkhuni, koma nkhuni zake n'zouma, zimayaka. Sukulu usaisiye. Ine ndikanakhala nayo, bwenzi ndili ndi anyamata ondichekera matabwa, ine ndikuloza ndi chala. Ndipo umve china. Ine ndi bambo ako sitinalembe kanthu. Tinkati kulemba n'kusakhulupirirana. Tinkadyera mbale imodzi, wina akadwala mnzake ankagwira za onse. Sitinakhale pansi tsiku ndi limodzi lomwe kufunsana kuti, mmodzi wa ife akadzatsogola, wotsala adzatani ndi banja la mnzake? Tinkaopa kuti tikanena tiitana tsoka. Tsoka silidikira kuitanidwa. Taona lero, tikugawana mabatire. Udzakagwira ntchito ndi mnzako, ngakhale akhale wa pamtima chotani, mudzakambirane za kutha kwake muli moyo nonse, mukusekerana. Kumeneko sikumuda mnzako ayi. N'kukonda ana ake."

Anabwezera pensulo kukhutu, natembenukira kwa ine.

"Koma alamu, nanunso mundimve. Mpando wosatha uli ngati munthu amene anamudula mawu pakamwa. Ine ndakhala nawo muno miyezi yonseyi. M'mawa ndikatsegula chitseko ndimaupatsa moni."

"Ukamayankha mudzandiuze," ndinatero.

5. Wilibala pakhomo

Tinamva kulira kwa tayala lopanda mafuta, kwii, kwii, kwii. Telala uja anaimika wilibala pakhomo penipeni. Ndi kamunthu kafupi, kothamanga magazi, kovala malaya okhala ndi matumba ambiri.

"Zikomo kuno! Mayi, ndafika. Ali kuti makina anga?"

"Anu sanakhale. Mwandipatsa chiyani?"

"Zili m'thumba muno. Tiyeni, ndasiya shopu yotsegula."

Kabatani anakoka kampando ka bambo ake, nakhala pa makina. Anaika mapazi pa chopondera.

"Choka apo," ndinamuuza.

"Amayi, ndamva zonse mwanenazi. Ndikudziwa kuti makinawa ndi sukulu yanga. Sindikuisiya sukulu. Ndipatseni masabata awiri. Sofa ikatha igulidwa, theka lathu lindilipirira teremu ino. Makina ndidzawafunira wogula wina ndekha."

"Igulidwa ndi ndani? Sofa imakhala pakhomo mpaka kusuluka. Ukapanda kupeza wogula, teremu ya mawa ukhala pakhomo kusenda anyezi."

"Ndikhala. Ndidzakhala ndasankha ndekha. Koma misomali ya abambo sindizula, ndipo msoko uwu sapita nawo munthu wina kukautaya m'bini. Mukafuna, ndichotseni ndi manja anu."

Telala anayang'ana mwana, nayang'ana ine. "Mayi, ine za m'banja sindilowerera. Tinamvana kapena sitinamvane?"

Ndinamukokera pambali. "Bambo, mudikire masabata awiri. Makina sathawa."

"Masabata awiri? Ndili ndi mayunifomu a anthu. Chabwino, ndidikira, koma muchotsereko."

"Ndichotsere chiyani? Akhala atakalamba pa masabata awiri? Amera imvi?"

"Ndiye ndipatseni lero."

"Muonjezere, ndimuchotse mwanayo pompano."

"Aa, mayi inu! Kuonjezeranso? Pajatu mumati pamsika, fodya wako ndi amene ali pamphuno. Ine ndaima pano ndi thumba lotupa. Wa masabata awiriyo mwamuona nkhope?"

Ankanena zoona, ndipo palibe chimandinyansa ngati wogula wonena zoona. Ndinatembenuka kuti ndikamukoke mwanayo padzanja. Ndinayenda mpaka pakati pa chipinda.

Pomwepo makina anayamba kulira.

Munthu aliyense ali ndi kapondedwe kake. Amuna anga ankayamba pang'onopang'ono, ngati munthu woyesa kuya kwa mtsinje ndi phazi, kenako n'kuthamanga, pofika pokhota n'kuima kaye, n'kuyambanso. Zaka zimene ndinkabwera ndekha ndi chakudya chawo, Kabatani ali kumsana, ndinkamva kapondedwe kameneko ndikadali pamsewu, n'kudziwa kuti alimo, ali bwino. Tsiku limenelo ndinakamvanso. Pang'onopang'ono, kuthamanga, kuima.

A Pensulo anakhala pa kabenchi kawo kamodzi kaja, nagwira pakamwa.

Telala ankalankhula kumbuyo kwanga. Ndinkaona mwana ataweramira nsalu, phewa limodzi lili m'mwamba, lilime lili pakona ya mlomo. Dzanja langa linali litatambasuka kale, koma silinafike.

"Mayi! Ndikupita ine!"

"Pitani," ndinatero osacheuka. "Ndipo tayalalo mukalithire mafuta, likuchititsa manyazi."

Kwii, kwii, kwii. Sukulu ya mwana wanga inatsika msewu m'thumba la munthu.

6. Malonda ndi mwana wanga

Msoko utatha, Kabatani anadula ulusi ndi mano. Anabwera nayo nsaluyo n'kuiveka pa mkono wamaliseche uja. Inakwana, ngakhale pakona inachita tsinya pang'ono.

"Apo uphwasule, ubwereze," ndinatero. "Sindigulitsa chinthu cha tsinya."

Kenako ndinaimirira pakati pa awiriwo. Munthu ukaluza wogula, usaluzenso mawu.

"A Pensulo, mumve. Mgwirizano wanu ndi amuna anga watha lero. Sitikuudzutsa. Zimene tagawana tagawana. Makina ndi anga, akhala muno ngati mlendo. Kabenchi kanga ndakubwerekani, mabatire ndakubwerekani, ndipo akatha mugula ena."

"Ndamva, alamu."

"Hamala yaikulu muzigwiritsa, koma ikaguluka mpini ndi mlandu."

"Ndamva."

"Iwe, tayang'ana kuno. Ubwera muno ukaweruka, osati usanapite. Ukajomba kamodzi kokha, makina ndigulitsa kwa wogula zitsulo, aphwanye. Pamphuno uzimanga kansalu. Misomali m'kamwa ayi, uli ndi chitini. Ndipo sofa iyi ikatuluka pakhomo apo, iwenso watuluka nayo. Phazi lako silipondanso muno. Tamvana?"

"Tamvana, amayi."

"Nena kuti sofa yokha."

"Sofa yokha."

Ndinakhuta nawo malondawo. Wogula ndinali nditaluza, koma malire ndinali nditaika, ndipo mwana anali atavomera pamaso pa mboni.

A Pensulo anadzuka, nkhope itawala ngati munthu amene wachira malungo. Anati kutsogolo kwa mkono wa sofa kumakhala kathabwa kakang'ono kamene kamavekedwa nsalu n'kubisa misomali, ndipo ka mkono umenewu anali asanadule. Anati adula pompo kuti mwana asachedwe. Anagoneka thabwa pa timabenchi tiwiri tija, kanga ndi kawo, natulutsa tepi m'thumba. Anaikoka kutsogolo kwa mkono womalizidwa uja, naika chikhadabo pamene yalekeza. Kenako anatembenuka, osaganiza n'komwe, n'kulozetsa tepiyo kumbali ya amuna anga.

"Achimwene, apa ndi…"

Mawu anathera panjira. Anaima choncho, dzanja lili m'malere, chikhadabo chili pa tepi.

Kabatani anayandikira, nawerama, nawerenga nambala ija mokweza. A Pensulo anagwedeza mutu n'kulemba pathabwa, osatiyang'ana.

"A Pensulo," ndinatero, "tayang'anani kuno. Nambala imeneyo simukuiona?"

Anabwezera pensulo kukhutu, maso ali pathabwa.

"Ndikufunsa."

"Manja amaona, alamu. Thabwa lokhota ndimalidziwa ndikaligwira. Koma timanambala ta pa tepi tinandithawa kalekale. Magalasi ndinayesa, sanathandize. Mnzanga ndiye ankandiwerengera. Ine ndinkangoika chikhadabo, iye n'kunena. Palibe ankadziwa, ngakhale akazi anga. Ndani angapatse ntchito kalipentala wosaona tepi?"

"Nanga miyezi yonseyi mumatani?"

Anakankha chitseko chachikulu chija. Kuseri kwake kunali mulu wa matabwa odulidwa, abwinobwino, koma palibe awiri olingana.

"Awa ndi mabedi a mayi wina wa nyumba zogona alendo," anatero. "Ndinavomera ntchitoyi mnzanga ali moyo. Akubwera kudzawatenga kumapeto kwa mwezi. Matabwa otsala ndi omalizira, ndikalakwitsanso basi. Ndimati ndiyambe Lolemba m'mawa, kukawala bwino, mwina maso andimvera chisoni."

Kabatani anayang'ana muluwo, nayang'ana ine.

"Tamvana za sofa yokha," ndinamuuza.

Dzanja lake linali litagwira kale nsonga ya tepi.

Ndinatuluka panja kuyang'ana kumsewu. Wilibala inali itakhota kalekale.

Lolemba m'mawa Kabatani anavala yunifomu, natenga chikwama cha mabuku, nanditsanzika bwinobwino. Kumunsi kwa nyumba yathu kuli mphambano. Njira ya kumanja ndi yozungulira ija, yopita kusukulu. Ya kumanzere imadzera pakhomo pa shedi. Ndinatula dengu la tomato pakhonde, ndinamanga mpango, n'kumutsatira chapatali.